Phiri la Mulanje Lili ndi Eni Ake

Munthu woima pa msika wa Phalombe m'mawa wa mwezi wa June, nkhungu itangochoka, amaona mapiri awiri. Lalikulu ndi la Mulanje, limene laima chakumwera ngati linga. Lina ndi la Mchese, limene lili pafupi ndithu, kotero kuti matanthwe ake amaoneka limodzi limodzi. Pakati pa mapiri awiriwa pali mpata wa Fort Lister, m'mene mumadzera msewu wopita ku Nkhulambe. Kuseri kwa phiri lalikululo, chakum'mawa, kuli mtsinje wa Muloza, umene ndiwo malire a Malawi ndi Mozambique, ndipo kutsidya kwake kuli tauni ya Milange.

Mkati mwenimweni mwa Mulanje muli nsonga ya Sapitwa, yotalika mamita 3,002 kuchokera pamwamba pa nyanja yamchere. M'Malawi monse mulibe malo ena okwera kuposa pamenepo. Anthu ambiri obadwira m'tsinde mwa phirili amakula, nakalamba, namwalira osapondako, ndipo dzina lenilenilo likunena kuti kumeneko sapitako. Njira yake ndi ya matanthwe okhaokha. Pena munthu amakwawa ndi manja, pena amalowa pansi pa miyala ngati mbira. Chiperoni akabwera kuchokera ku Mozambique, nkhungu imaphimba zonse m'kanthawi kochepa, ndipo kuzizira kwake kumapha. Mu 2003 mlendo wina wa ku Netherlands anakwera yekha osabwereranso, ndipo mu 2009 mnyamata wa ku Brazil anapezeka atafa kumeneko patapita masiku ambiri akumufunafuna.

Makolo a Amang'anja, Ayao ndi Alomwe ankati phirili ndi mudzi wa mizimu. Ankasimba kuti munthu akhoza kupeza chakudya chili chikonzere panjira, ndipo ayenera kudya yekha osaitana mnzake. Ankatinso kuli malo ena kumene munthu sayenera kuloza ndi chala, kapena kutukwana, kapena kudula mtengo. Ophunzira a masiku ano amaseka nkhani zoterezi, koma asafulumire kuseka. Mantha aja anagwira ntchito imene alonda ovala yunifolomu ailephera. M'nkhalango imene anthu ankaopa mizimu, nkhwangwa sinkamveka.

Tsono mantha aja anatha, ndipo m'malo mwake munalowa mawu ena, amene ndiwo mdani wamkulu wa phirili kuposa nkhwangwa ndi moto. Mawuwo ndi akuti, "Phiri ndi la Boma, ndipo za Boma zilibe mwini." Amamveka pa bwalo, pa mowa, pa chigayo, ngakhale pakhomo pa tchalitchi. Wowanena amaganiza kuti wodula mtengo m'phiri sanabere munthu aliyense, pakuti Boma lilibe nkhope, ndipo silimva njala. Ena a ku Phalombe amawonjeza kuti phirilo ndi la anthu a ku Mulanje, popeza dzina lake likutero, ngati kuti pamene Phalombe anakhala boma lapalokha mu 1998 mitsinje nayo inagawidwa ndi cholembera.

Mawu amenewa sanagwe kumwamba, ndipo m'pofunika kunena zoona za kumene anachokera. Mu 1927 Boma la atsamunda linalamula kuti phiri la Mulanje likhale nkhalango yotetezedwa. Anaika malire, nalemba alonda. Munthu amene agogo ake ankadula nsungwi ndi kusaka nyama m'phirimo anauzidwa kuti tsopano afunika chilolezo. Koma nthawi yomweyo ankaona ndi maso ake matabwa a mkungudza akutsika m'phiri kukamangira nyumba za Boma ndi za Azungu. Munthu wotere akati phiri lalandidwa, sanganenedwe wabodza. Chilondacho chinali chenicheni. Koma atsamunda anachoka mu 1964, ndipo wobwezera chipongwe pa phiri lero sakupweteka Mzungu aliyense. Akupweteka mkazi wa mnansi wake amene amatunga madzi kumunsi.

Wofuna kudziwa mwini wake wa phiri afunse amene amamwa madzi ake. Mtsinje wa Phalombe ndi wa Sombani imachokera m'phirimo n'kukathira m'nyanja ya Chilwa, kumene kumachokera matemba amene amadyedwa m'midzi yonse ya chigawo chino. Thuchila, Likhubula, Lichenya ndi Muloza imakathira mu Ruo, ndipo Ruo amakakumana ndi Shire ku Chiromo. Mipopi ya m'midzi ya Phalombe, imene anthu anakumbira okha ngalande zake m'zaka za m'ma 1970, ilibe injini yopopa. Madzi amatsika okha chifukwa gwero lake lili pamwamba. Kuyambira mu 2019 ngakhale mzinda wa Blantyre umalandirako madzi a Likhubula kudzera m'mapaipi. Nduna ya Boma ku Lilongwe simwa madzi a Sombani. Mpopi wa pa Migowi ukauma mwezi wa October, amene amadzuka usiku ndi ndowa pamutu si Boma ayi.

Ndipo madziwo sakhala m'phiri mwangozi. Pamwamba pa Mulanje pali madambo aakulu a udzu, ndi nkhalango za m'zigwa m'mene masamba akhala akugwa ndi kuwola kwa zaka zosawerengeka. Dothi lotere lili ngati chinkhupule. Mvula ikagwa limamwa, kenaka limatulutsa madziwo pang'onopang'ono mpaka m'chilimwe. Udzuwo ukapsa chaka ndi chaka, mitengo n'kudulidwa, dothi limauma n'kukokoloka, ndipo pamatsala thanthwe. Thanthwe silisunga madzi. Mvula ya January imatsika yonse tsiku limodzi, yofiira ndi yaukali, ndipo pofika September mtsinje womwewo umasanduka mchenga. Nyanja ya Chilwa inaumapo mu 1968 ndi mu 1995, ndipo mu 2018 inaphweranso kwambiri. Chilala ndicho chimayambitsa zimenezi, koma mitsinje yofooka imafulumizitsa.

Nkhani ya mkungudza ndiyo yochititsa manyazi koposa. Mtengo umenewu sumera mwachilengedwe pena paliponse pa dziko lapansi, koma pa Mulanje pokha. Mzungu wina wodziwa zomera, Alexander Whyte, anauona mu 1891, ndipo dzina lake lili m'dzina limene akatswiri amautchula nalo, lakuti Widdringtonia whytei. Umakula kufika mamita 40. Thabwa lake limanunkhira, siliwola msanga, ndipo chiswe chimaliopa. N'chifukwa chake amisiri amalifuna pa zitseko, pa madenga, pa mabokosi osema ndi pa mabwato a kunyanja. Mu 1984 Dr. Kamuzu Banda anautcha mtengo wa fuko la Malawi. Ana a sukulu amaloweza zimenezi ndi kuzilemba pa mayeso.

Kale lamulo linali lakuti ocheka matabwa apatsidwe chilolezo chocheka mitengo yakufa yokha. Lamulolo linaoneka lanzeru pa pepala. Koma anthu anapeza njira yake: ankasenda khungwa la mtengo wamoyo kuzungulira tsinde, kapena kuusonkhera moto, kuti chaka chamawa adzaupeze wouma n'kuucheka mwalamulo. Pambuyo pake anasiya ngakhale kudzivutitsa ndi chinyengo chimenecho, nayamba kugwetsa yaiwisi dzuwa likuswa mtengo. Mu 2017 akatswiri anayenda m'phiri monse kuwerenga mikungudza yaikulu yobala mbewu imene inatsala. Anapeza 7. Wowerenga ayese kuwerenga pa zala zake. Manja awiri sakudzaza. Mtengo umene unaima zaka mazana, umene unaona agogo a agogo akudutsa pansi pake, anthu awiri ndi sowo amaumaliza m'masiku ochepa.

Apa wina adzaimirira nati, "Wokhuta ndiye amalankhula za mitengo. Munda ndi wochepa, feteleza wakwera mtengo, ana akulira. Fodya wako ndi amene ali pamphuno. Za zidzukulu adzaziona okha." Mawu amenewa ndi olemera, ndipo wowanyoza sanagonepo ndi njala. Phalombe ndi dziko la anthu ambiri pa malo ochepa. Mnyamata wopanda munda, wopanda ntchito, akamva kuti kuphiri kuli ndalama, adzapita.

Koma nanga ndalamazo zimathera kwa yani? Wowerenga amuone mnyamata uja akutsika ndi thabwa lalitali pamutu, m'njira yoterera imene mbuzi yomwe imayenda mosamala, khosi litauma, mawondo akunjenjemera. Akaterereka n'kuthyoka mwendo palibe amene adzamulipirire chipatala. Akagwidwa, wopita kundende ndi iye. Ndipo chimene amalandira pa thabwalo ndi kachigawo kakang'ono ka mtengo umene lidzagulidwe nalo m'tauni. Wolemera ndi mwini lole amene amadikira kumunsi usiku, ndi wamalonda amene sanakwerepo phiri chibadwire, ndi munthu wa udindo amene amalandira kangachepe kuti maso ake ayang'ane kumbali. Matabwa sauluka. Amadutsa pa misewu imene ili ndi zipata, ndipo thabwa la mkungudza silibisika, pakuti fungo lake lokha limaulula. Mu 2020 Nyumba ya Malamulo inakhwimitsa zilango za m'lamulo la nkhalango la 1997. N'zabwino. Koma lamulo limene limagwira wosenza n'kusiya wotuma lili ngati ukonde wogwira matemba n'kumasula mlamba.

Mpata wa Fort Lister uli ndi mbiri imene iyenera kukumbukika pa nkhani imeneyi. Zaka za m'ma 1800 anthu ogwidwa ukapolo ankadutsitsidwa pamenepo, magoli ali m'khosi, kupita nawo kunyanja yamchere cha ku Quelimane. Mu 1893 Boma la Harry Johnston linamanga linga pampatapo kuti litseke njirayo, ndipo zotsalira zake zikadalipo. Malonda aja sakanatheka popanda anthu a m'dziko momwemo amene ankagulitsa anansi awo posinthana ndi nsalu, mikanda ndi onga. Nsaluzo zinang'ambika kalekale, ndipo anthu aja sanabwerere. Mtengo si munthu, ndipo palibe amene angalinganize zoipa ziwirizi. Koma kachitidwe ka malonda ake n'kofanana: wakutali amatenga chinthu chosabwezeka, wapafupi amatsala ndi kandalama kotha pa sabata.

Za moto sizifuna mawu ambiri. Chaka chilichonse, kuyambira August kufikira mvula yoyamba, phiri limayaka usiku, ndipo ana amaloza mizere yofiira ija ngati chinthu chokongola. Woyatsa ndi mlenje wofuna gwape kapena chinkhoma, kapena wofula njuchi, kapena wootcha makala, kapena munthu wongokwiya ndi alonda. Mkungudza waung'ono supirira moto. Ntchito ya zaka zisanu imatha madzulo amodzi chifukwa cha ndiwo za tsiku limodzi.

Tsono pali nkhani ya Napolo, imene anthu a ku Phalombe safuna kuuzidwa ndi mlendo. Pa 10 March 1991, itagwa mvula yoopsa, mbali za phiri la Mchese zinagumuka. Madzi, matope, mitengo ndi miyala yaikulu ngati nyumba zinatsika pa midzi, ndipo anthu mazana ambiri anafa. Miyala ina ikadali m'minda mpaka lero, ndipo alimi amangoilambalala ndi khasu. Mu March 2023 namondwe wa Freddy anabweretsa zomwezo. Ku Nkhulambe kunagwa mvula yoposa mamilimita 1,000 m'masiku anayi okha, ndiye kuti madziwo akanaima pamalo athyathyathya osayenda, akanafika m'chiuno mwa munthu wamkulu. M'dziko lonse anthu oposa 1,000 anafa kapena kusowa.

Akuluakulu amati Napolo ndi chinjoka chokhala pansi pa phiri, chimene chikafuna kusamukira kunyanja chimagumula zonse za panjira yake. Ena a masiku ano amayankha kuti Napolo kulibe, ndipo kudula mitengo ndiko kunapha anthu onsewo. Awiri onsewa sananene zoona zonse. Mvula yotere ikhoza kugumula phiri ngakhale lili ndi mitengo. Ku Zomba kunachitika zotere mu 1946, nkhalango ikadali yambiri. Kunena kwa mayi woferedwa kuti mwana wake anafa chifukwa cha nkhuni zimene ankatola ndi nkhanza, ndiponso si zoona. Koma wonena kuti zonse ndi Napolo amafuna kusamba m'manja. Mizu imagwira dothi. Phiri lometedwa limagumuka ndi mvula imene phiri lovala likanaipirira, ndipo madzi ake amafika kumudzi msanga, anthu asanathawe. Munda wolimidwa pa phompho, nyumba yomangidwa m'khwawa m'mene madzi anadutsa mu 1991, ng'anjo ya makala pa gwero la mtsinje, zonsezi Napolo sanazichite. Mvula ilibe woilamula, koma nkhwangwa ili ndi mwini wake, ndipo mfumu imene imagawa malo m'njira ya madzi ili ndi dzina.

Ena amati mankhwala ake ndi kusandutsa phirili paki, kulizinga ndi waya monga anachitira ku Majete ndi ku Liwonde, ndi kuikamo asilikali a mfuti. Maganizo amenewa ndi a anthu otopa, ndipo kutopa kwawo n'komveka. Koma Mulanje si Liwonde. Mulibe njovu zoti zitsekeredwe. Midzi yalizungulira mbali zonse, mbali ina yayandikana ndi dziko lina, ndipo njira zokwerera ndi zosawerengeka. Amayi amatolamo nkhuni zouma, bowa ndi masuku. Abambo amadulamo nsungwi zolukira malichero ndi udzu wofolera. Asing'anga amakumbamo mankhwala. Anyamata amapeza ndalama poperekeza alendo ndi kuwanyamulira katundu kupita ku nyumba zogona za ku Sombani, Chinzama, Thuchila ndi Chambe. Zinthu zimenezi zikachitika mwa muyeso siziononga phiri. Waya ukhoza kungotsimikiza mawu aja akuti phiri ndi la Boma, ndipo usiku womwewo wayayo adzadulidwa kukatchera misampha.

Enanso amadalira ulemu wochokera kunja. Mu 2000 bungwe la UNESCO linaika Mulanje pa mndandanda wa malo achilengedwe ofunika kusamalidwa, ndipo mu July 2025 linalemba phirili pakati pa malo a chuma cha anthu a dziko lonse lapansi, makamaka chifukwa cha miyambo ndi chikhulupiriro cha Amang'anja, Ayao ndi Alomwe. Taonani, nkhani za mizimu zija zimene ophunzira ankaseka ndizo zalemekezedwa ku Paris! Ulemu umenewu uli ndi ntchito yake. Ku Lichenya kuli dothi lotchedwa bokisaiti, limene amapangira aluminiyamu wa mapoto ndi ndege, ndipo kuyambira pamene linadziwika m'zaka za m'ma 1920 maganizo olikumba akhala akubwera, kuzilala, n'kubweranso. Kukumba kotere kumafuna kusenda dothi la pamwamba, lomwe lija losunga madzi. Dzina la UNESCO lidzachititsa manyazi aliyense wofuna kusaina chilolezo mobisa. Koma satifiketi yopachikidwa mu ofesi siingazimitse moto wa pa Mchese.

Chotsala ndi chimene chinali poyamba, ndicho eni ake. Mwini munda safuna mlonda womuuza kuti asatenthe chimanga chake. Pamudzi palibe chinsinsi: aliyense amadziwa nyumba imene muli sowo, mnyamata amene amasowa masabata awiri n'kubwera akununkhira mkungudza, ndi pamene lole imaima usiku. Anthu amakhala chete chifukwa amati si zawo. Koma munthu yemweyo akaba mbuzi, mudzi wonse umadzuka ndi miuni. Kusiyana kwake n'kwakuti mbuzi ili ndi mwini wodziwika. Tsiku limene nyakwawa idzaweruze mlandu wa moto wa m'phiri monga iweruzira mlandu wa mbuzi, ndipo mpingo udzafunse mkulu wake kumene anapeza matabwa a chitseko chake chatsopano, amalonda a m'tauni adzasowa wowasenzera.

Boma nalo lili ndi ngongole yake, ndipo lisabisale kumbuyo kwa anthu a m'midzi. Mlonda wosalipidwa pa nthawi yake, wopanda nsapato ndi jasi, ndi mlonda wogulidwa kale. Ndalama zimene alendo amalipira pokwera phiri ziyenera kuoneka m'midzi ya m'tsinde, pa mjigo kapena pa denga la sukulu, kuti mwana adziwe kuti phiri loima limadyetsa. Ndipo milandu ifike kwa eni malole. Anthu sangauzidwe kuti phiri ndi lawo pa nthawi yozimitsa moto yokha, n'kukhala la ena pa nthawi yogawa phindu.

Ntchito inayambika kale, ngakhale ndi yaing'ono poyerekeza ndi chionongeko. Kuyambira mu 2016 bungwe la Mulanje Mountain Conservation Trust, pamodzi ndi akatswiri a zankhalango a Boma ndi anzawo akunja, linathandiza magulu a m'midzi yozungulira phiri kukhazikitsa nazale za mkungudza. Amayi ndi abambo anafesa mbewu m'timachubu, nathirira, nagulitsa mbandezo, ndipo mbande mazana a zikwi zinasenzedwa pamutu kukwera njira zomwe zija zimene matabwa ankatsikira. Zambiri zinafa ndi chisanu, ndi chilala, ndi moto. Zina zinagwira, ndipo zikukula. Amene anazibzala sadzachekapo thabwa, pakuti mkungudza suthamanga.

Mbande zotsalazo zili pamwamba, kutali ndi midzi, m'zigwa za pansi pa Sapitwa ndi nsonga zinzake, pakati pa udzu umene umauma mwezi wa July. Kuti zipulumuke pafunika anthu okwera ndi makasu ndi zikwanje kukalambula mizere yotchinga moto udzuwo usanaumiretu, ndi ena okhala tcheru kuyambira August mpaka mvula itagwa. Ntchito imeneyi imabwera chaka ndi chaka, nthawi yomwe anthu ali otanganidwa ndi kukolola nandolo ndi kusosa m'minda yawo.